Mzere wa Laimu

Ndine ndimathira laimu pabwalo ili.
Wilibala yanga aisintha tayala kasanu,
ine sanandisinthe.

Asipanala amatsika kuchokera ku Luwinga
zikhadabo zili bii ndi girizi.
Achoko amadzera ku Katoto, malaya opisira,
nyimbo yawo ya mawu anayi ngati kwaya ya pa Sabata.
Chaka ndi chaka, chisanu chikayamba kuluma makutu,
amakumana pa kapinga wanga
kudzakangana za mpira umodzi
umene unamenyedwa makolo awo asanatomerane.

Funsani aliyense pa depoti, akuuzani ngati analipo.
Chifunga chinatsika ku Kaning'ina dzuwa litapendeka,
chinameza golo ya kum'mawa ndi anthu ake omwe.
Chipofya wa Asipanala anaumenya ndi lamanzere,
Zgambo wa Achoko anaugwera ngati thadzi pa mazira.
Kutayera pang'ono
theka la bwalo linali kuvina, theka linali kutola miyala.
Woyimbira, wezulo ili kukamwa osaiwuzira,
analowa m'nthochi za ku Chiputula
nsapato imodzi atatisiyira.

Unalowa!
Sunalowe!
Mawu awiri okhawo adya zaka makumi anayi ndi mphambu.
Aswa magalasi a lole ya sukulu,
athetsa chibwenzi chimodzi, amanga maukwati atatu.
Chaka cha njala anyamata anasewera akuona chidima
koma mphamvu zokuwira mawuwo zinapezeka.
Atsikana atayamba matimu awo tinati yatha nkhaniyi.
Ayi ndithu, anaitola ngati chitenje cha amayi awo
n'kuimanga m'chiuno.

Chikho anawotcherera Asipanala
ndi chitsulo cha injini yakufa,
nalakwitsa chilembo chimodzi pa dzina.
Achoko akachitenga amazunguliza cholakwacho ndi inki yofiira.
Chikabwerera ku Luwinga amachipukuta ndi palafini.

Zgambo anadzakhala mphunzitsi wamkulu ku Ekwendeni,
Chipofya anatsegula galaja ku Chibavi.
Imvi zitamera, tsiku la mpira ankakhala benchi imodzi,
ambulera imodzi yothyoka nthiti,
chimanga chootcha n'kuthyolerana pakati,
osagwirizana kanthu.
Galimoto ya Zgambo inkakonzedwa ulere.
Malisiti ake Chipofya ankangolembapo: Unalowa.

Chaka chatha tinakamusiya Chipofya ku Zolozolo
mvula yowaza ikunyowetsa mabuku a nyimbo.
Zingwe zitamasuka, bokosi litafika pansi,
Zgambo anayandikira ndi ndodo yake, nasuzumira,
nanena motsitsa, ine ndekha ndinamva:
Apa pokha ndavomera, mnzanga. Walowa.
Kenako chipewa chinamugwa m'manja
ndipo sanachitole.

Tsono ine ndili ndi langa
limene ndalisenza ngati thumba la simenti yonyowa.
Sabata imeneyo ndinali kukwatira.
Nyumba yanga ya ku Masasa inali yofiira ngati chulu
ndipo NyaLuhanga ankabwera ndi azakhali ake.
Laimu wa sukulu, theka ndinapakira khoma.
Wotsalayo anakwanira m'mbali, anakwanira pakati,
anathera pa penate.
Pakati pa mapolo a kum'mawa sindinathire kanthu.

Ndinaima kuseri kwa golo, ndinaona pamene mpira unaima.
Panali matope okhaokha.
Unalibe choti uwoloke.

NyaLuhanga anakonda nyumbayo.
Anakhalamo mpaka tsiku lake.

Mawa abweranso ndi ng'oma ndi malipenga apulasitiki,
ana oti ngakhale dzina la Chipofya amalitchula mokhota.
Wina adzandigwira phewa: Madala, inu munalipo,
tiuzeni zoona.
Ndidzati chifunga, mwana wanga, chinali chifunga.

Madzulo ano ndakoka chingwe kuchokera polo kufika polo,
ndathira wokhuthala, ndabwerezanso kachiwiri,
woyera mbee, woti ndi wakhungu yemwe aupunthwe.
Zgambo watumiza mdzukulu kudzafunsa
ngati benchi ija ikadalipo.
Ndaipukuta yonse,
mbali zonse ziwiri.